Firiji ikasiya kuzizira musathamangire kugula gasi

Mwezi wa October ukafika, dzuwa likuswa mtengo, ndi pamene geni ya mafirizesi ndi thobwa lozizira imayenda zedi kumsika wa Limbe, Ndirande ngakhale ku Mzuzu. Tsoka ilo, ndi nthawi yomweyonso imene mafiriji ambiri amayamba matenda. Mayi wa geni amadzuka m'mamawa kuti atenge katundu, nkupeza thobwa lasasa, nyama ya kanyenya yayamba kafungo, chonsecho firiji yakhala ikulira usiku wonse.

Akaitana mmisiri, yankho limakhala lokonzeratu: "Mayi, gasi watha." Ena amafika ponena kuti kompuresa yafa. Ndalama zimatuluka, mpamba wa geni nkuphwa, pakatha sabata ziwiri vuto lija labwereranso.

Abale anga, gasi wa m'firiji sali ngati palafini wa m'nyali ayi. Amangozungulira m'mapaipi otsekeka ndipo satha pokhapokha paipi itabooka. M'mafiriji a zitseko ziwiri amene amasungunula okha ayezi, aja olembedwa kuti frost free, kawirikawiri wolakwa amakhala kachipangizo kokwana m'dzanja kamene amisiri amakatcha timer.

Kumbuyo kwa khoma la m'kati mwa firiza kuli mapaipi ozizira, fani ndi hita. Fani ndiye amakankha mphepo yozizira kuti itsikire m'munsi momwe mumaika thobwa ndi ndiwo. Mapaipi aja amagwira ayezi, ndiye timer ili ndi kamota kamene kamawerenga nthawi. Pakatha maola 6, 8 kapena 12, malinga ndi mtundu wa firiji, imazimitsa kompuresa nkuyatsa hita kwa mphindi 20 kapena 30. Ayezi amasungunuka, madzi nkutsikira m'kambale ka kumbuyo, firiji nkuyambanso ntchito.

Kamota kaja kakafa, timer imaima pamene yafera. Ikaima pa nthawi yoziziritsa, hita sayakanso. Ayezi amaunjikana mpaka kutseka njira ya mphepo, nthawi zina fani amamveka akukhula ayeziwo. Pamwamba pamakhala pozizira pang'ono koma m'munsi mukutentha ngati m'kabati. Ikaima pa nthawi yosungunula, firiji imangoti zii, babu la m'kati likuyaka koma kompuresa osalira. Apa mpamene anthu ambiri amanamizidwa kuti kompuresa yapsa.

Kuyesa kwake sikufuna sukulu. Timer imapezeka kumbuyo pafupi ndi kompuresa, kunsi kutsogolo, kapena m'kati pafupi ndi kotembenuza kuzizira kaja. Ili ndi kabowo kolowetsa sikuludiraiva. Firiji ili choyaka, tembenuzani pang'onopang'ono mbali imene wotchi imayendera mpaka mumve kuti "tha!" Gwirani chogwirira cha pulasitiki basi, mawaya musawakhudze. Ngati firiji inali zii nkuyamba kulira, wakuba mwamugwira. Ngati imalira nkusiya, dikirani theka la ola. Madzi akayamba kudontha koma firiji osadzukanso yokha, timer ndiyo yafa. Koma kukapanda kumveka kutentha kulikonse, madzi osadontha, vuto lili pa hita kapena kachipangizo kena komata pa paipi kamene kamaletsa hita kutentha mopyola. Pamenepo timer yatsopano siithandiza kanthu.

Posintha, choyamba zulani pulagi kukhoma. Kuzimitsa pa switchi kokha sikukwana. Timer zambiri zili ndi mano anayi olembedwa 1, 2, 3 ndi 4. Musanazule waya aliyense jambulani ndi foni kapena lembani papepala kuti waya wa mtundu wakuti unali pa nambala yakuti, chifukwa mukasokoneza firiji izichita zamisala. Masulani tizomangira, chotsani yakaleyo, mupite nayo m'manja kogula.

Pogulapo mpofunika maso. Magetsi athu kuno ndi a 230 volts, ngati a ku South Africa komwe kumachokera mafiriji monga Defy ndi KIC. Timer yochotsedwa m'firiji ya ku America ndi ya 115 volts ndipo ya ku Japan ndi ya 100 volts, zikafika pa magetsi athu zimapsa. Werengani kapepala komata pa timer, muonenso kuti maola ndi manambala a mano akufanana ndi yakale. Ine ndimaona kuti yakaunjika ndi njuga, poti simudziwa kuti inasiyidwiranji.

Musanayatsenso, siyani firiji yozima zitseko zili pululu tsiku lathunthu kuti ayezi obisika aja atheretu. Katundu mukamusungitse kwa aneba. Chonde, mpeni ndi foloko zikhale kutali! Mukabaya paipi ndiye kuti gasi uja watha zenizeni tsopano, ndipo mtengo wake ndi wina.

Dziwaninso kuti firiza yogona ija yotsekula pamwamba, imene ambiri ogulitsa nsomba ndi nkhuku amagwiritsa ntchito, ilibe timer. Imeneyo mumasungunula nokha. Mafiriji ambiri atsopano, makamaka okhala ndi manambala owala pachitseko, nawonso alibe, ntchitoyi imagwiridwa ndi kabolodi ka magetsi kamene kamafuna mmisiri wodziwa. Choncho wina akakulipiritsani timer, muuzeni akuonetseni pamene waichotsa ndipo yakaleyo akusiyireni.