KODI ZA MU MEMORE KADI ZIJA N'ZA HALALI?

Madzulo ku Ngara, m'boma la Karonga, asodzi akamakonza nyali zokaphera usipa, anyamata amakhala ataunjirira kompyuta pamsika. Munthu amapereka tindalama tochepa, mwini kompyuta n'kumudzazira memore kadi ndi makanema, nyimbo ngakhalenso makaswida otengedwa pa intaneti. Ambiri a ife tinagulako, mtima osagunda n'komwe.

Koma tifunsane, abale ndi alongo: amene anakhetsa thukuta wapezapo chiyani? Mu 1992 kunakhazikitsidwa bungwe la COSOMA loteteza aluso, ndipo mu 2016 lamulo lake linakonzedwanso, koma kukopera sikunathe. Taganizani za kanema wa moyo wa kunyanja, The Last Fishing Boat, amene a Shemu Joyah anatulutsa mu 2012. Ntchito yotere imadya ndalama za makamera ndi malipiro a osewera. Tikamangokoperana, eni ake amangotsala chimanjamanja.

Ife akunyanja tikudziwa kuti wowonjola matchera a mnzake usiku ndi wakuba, ngakhale atanena kuti nsomba m'nyanja n'zosatha.

Qur'an, mu Surat An-Nisa ndime 29, ikutiletsa kudyerana chuma mopanda chilungamo. Nawo maulama a Islamic Fiqh Academy, atakumana ku Kuwait mu 1988, anagamula kuti zolemba ndi zopeka za munthu ndi chuma chake chotetezedwa ndi Shariya.

Tsono makolo, mwana akabwera ndi memore kadi, timufunse kumene zachokera. Ulaliki umene shehe waloleza tigawane, ndi sadaka imeneyo. Koma zogulitsa tizigula kwa eni ake. Allah atiwongole.