Chifukwa chake kanema amaduladula kuno kunyanja

Ntchito yanga ndi ya mafunde a wailesi ya kanema: kukweza ma eriyo, kulozetsa madishi, ndi kuyeza mphamvu ya chithunzi chimene chikufika pakhomo la munthu. Kuyambira ku Chipoka, kudzera ku Kamuzu Road mpaka ku Senga Bay ndi ku Lifuwu, dandaulo limene ndimalandira ndi limodzimodzi. "Amisiri, TV yanga imadula mpira ukangofika pokoma." Ena amati dikoda anagula yabodza, ena amati kampani ikuwabera, ndipo alipo amene amanong'ona kuti mnansi wawachita chipongwe. Nthawi zambiri si chilichonse mwa zimenezi. Chithunzi chili ndi njira imene chimayenda, ndipo munthu akaidziwa njirayo amasiya kutaya ndalama pa zinthu zosawonongeka.

Njirazo ndi ziwiri. Yoyamba ndi yapansi: nyumba youlutsira imatumiza chithunzi ku nsanja yomwe ili paphiri, nsanjayo n'kumwaza mafunde amene eriyo ya padenga panu imatola. Yachiwiri ndi yakumwamba: chithunzi chimakwezedwa ku satelayiti, n'kutsikanso kudzagwera m'dishi. Mavuto a njira ziwirizi ndi osiyana kotheratu, choncho mankhwala akenso ndi osiyana.

Tiyambe ndi yapansi, chifukwa ndi imene imativutitsa kwambiri ife a kunyanja. Mafunde a kanema wamakono amayenda pakati pa 470 ndi 694 MHz, ndipo khalidwe lawo ndi la kuwala: amapita molunjika, sakonda kukhota. Aliyense amene anaimapo pamchenga usiku wopanda mwezi anaziwona nyali za asodzi a usipa zili ndondondo pamadzi. Nyali imene ili pafupi imawala bwino. Imene yapita kutali kwambiri imazimirira, osati chifukwa yazima ayi, koma chifukwa dziko ndi lobulungira ndipo madziwo aibisa. Mukakwera pachulu kapena paphiri la Senga, nyali ija imawonekanso. Pakati panu ndi nyaliyo pakakhala chilumba cha Namalenje, simuiwona ngakhale ili pafupi. Nsanja ya kanema ndi nyali yoteroyo, ndipo eriyo yanu ndi diso.

Ife tili ndi kawerengedwe kake. Pamalo a see, nsanja yotalika mamita 100 imafika pafupifupi makilomita 41. Eriyo yokwezedwa mamita 9 imawonjezerapo makilomita 12. Koma nsanja ikakhala paphiri lokwera mamita 900 kuposa dera lozungulira, imatha kufika makilomita oposa 120. N'chifukwa chake nsanja zoulutsira mawu ndi zithunzi m'dziko muno zimakhala pamapiri monga Mpingwe, Zomba ndi Dedza. N'chifukwa chakenso ndimauza anthu kuti asanagule makina okuzira mphamvu, ayambe agula nsungwi kapena paipi yaitali.

Tsono vuto la Salima ndi malo amene tili. Lilongwe ili pamtunda wa mamita oposa 1,000, pomwe nyanja ili pa mamita pafupifupi 474. Amene anayendapo msewu wochokera ku Lilongwe amadziwa mmene galimoto imatsikira ikadutsa ku Mvera, makutu mpaka kutsekeka. Mafunde ochokera kumtunda kuja satsika nawo msewuwo. Amadutsa pamwamba pa mitu yathu, ndipo midzi imene ili patsinde pa zitunda imatsala mu mthunzi. Nyumba ziwiri zotalikirana mamita 500 zitha kusiyana: ina kugwira matchanelo onse, ina osagwira ngakhale imodzi, dikoda ili yofanana.

Madzi nawonso ali ndi zawo. Nyanja ikadekha imabweza mafunde, moti eriyo ya munthu wokhala m'mphepete imalandira chithunzi kawiri: china chobwera molunjika, china chodzera pamadzi chofika mochedwerapo pang'ono. Ziwirizi zikakumana bwino zimalimbikitsana, zikakumana moipa zimafafanizana. Ndinafikapo pa loji ina kumene mwini wake anali atasintha dikoda ndi TV yomwe, koma osaphula kanthu. Tinangotsitsa eriyo ndi theka la mita, chithunzi n'kubwera. Mwiniwakeyo anandiyang'ana nthawi yaitali, kenaka n'kufunsa kuti, "Achimwene, kutsitsa? Osati kukweza?" Inde, pamalo oyang'anana ndi madzi nthawi zina kutsitsa ndiko kumathandiza, ndipo palibe njira yodziwira koma kuyesa pang'onopang'ono wina akuyang'ana mphamvu pa sikirini.

M'miyezi yotentha, makamaka Okutobala m'mawa kusanawombe mphepo, mpweya wofunda umakhala pamwamba pa mpweya wozizira wa pamadzi. Zikatero mafunde amapindikira pansi n'kuyenda mtunda wautali kuposa masiku onse. Ndiyo nthawi imene wailesi yanu imayamba kulankhula Chipwitikizi, yagwira za kutsidya ku Mozambique. Dzuwa likakwera zimatha zokha.

Achikulire amakumbukira kuti kale zinthu sizinkadula motere. Dziko lino linachedwa kukhala ndi kanema wakewake. M'nthawi ya Dr. Kamuzu Banda tinali ndi wailesi ya mawu yokha, ndipo Television Malawi inayamba kuulutsa pa 1 Epulo 1999, mu ulamuliro wa Dr. Bakili Muluzi, isanaphatikizidwe ndi MBC. Kanema wa masiku amenewo, mphamvu ikachepa, ankangochita mpunga pa sikirini koma anthu n'kumawonekabe mbuu, mawu n'kumamveka. Mayiko a mu Africa ndi ku Ulaya atagwirizana ku Geneva mu 2006 kuti pofika pa 17 Juni 2015 asamukire ku kaulutsidwe ka dijito, zinthu zinasintha. Kanema wa dijito amatumiza manambala, ndipo dikoda imawasandutsanso chithunzi. Manambala ochepa akasowa, dikoda imatha kudzaza yokha moperewera, inu osazindikira n'komwe. Akasowa ochuluka kupyola malire, chithunzi chimasweka timabokositimabokosi, chimauma, kenaka bii. Palibe pakatikati. Choncho TV imene ikuwoneka bwino lero itha kukhala kuti ili m'mphepete penipeni, ikungodikira kamphepo kapena kamtambo kuti igwe. Mmisiri wabwino sachoka pakhomo chifukwa chithunzi chawoneka. Amatsegula pamene dikoda imawonetsa mizere iwiri, wa mphamvu ndi wa ubwino wa chizindikiro, ndipo wofunika kwambiri ndi wachiwiriwo. Muzimupempha akuwonetseni musanamulipire.

Phindu la dijito ndi lalikulu ndithu. M'mpata momwe kale munkadutsa tchanelo imodzi, lero mumadutsa matchanelo oposa khumi. Ndiponso nyumba iliyonse youlutsira sifunikanso kumanga nsanja zakezake. Kampani ya Malawi Digital Broadcast Network Limited, ya madikoda a Kiliye Kiliye aja, inakhazikitsidwa kuti izinyamula matchanelo a eni osiyanasiyana pa nsanja zimodzimodzi, pomwe bungwe la MACRA limapereka ziphaso ndi kugawa mafunde. Ndi mmene MBC, Times, Zodiak, Luntha ndi ena amatha kupezekera pa eriyo imodzi.

Tsopano dishi. Satelayiti imene dishi yanu imayang'ana ili pa makilomita 35,786 pamwamba pa mzere wogawa dziko pakati, ndipo imazungulira pa liwiro lofanana ndi la dziko, n'chifukwa chake imawoneka ngati yaima malo amodzi. Popeza ife tili kummwera kwa mzerewo, madishi athu onse amapendekera chakumpoto. Ena amaloza satelayiti ya Eutelsat pa madigiri 36 kummawa, imene kwa ife a ku Salima ili pafupifupi pamwamba pa mutu. Ena amaloza Intelsat 20 pa madigiri 68.5, ndipo amenewa amayang'ana chakunyanja, kotulukira dzuwa. Phiri silitchinga njira imeneyi.

Koma chimene chimafika kuchokera kutali konseko ndi chofooka zedi, ndipo dishi ya masentimita 90 imafunika kuloza molondola kosaposa digiri imodzi kapena ziwiri. Mwera ukawomba mu Juni ndi Julaye, dishi yomangidwa pa mtengo wa bulugamu kapena pa phaso la denga imasuntha pang'ono pokha, zoti ndi maso simungaziwone, koma chithunzi chapita. Dishi imafuna khoma la njerwa kapena paipi yachitsulo yothiridwa simenti. Imafunanso kumwamba koyera. Mtengo wa mango umene unali waufupi chaka chomanga dishi, lero wakula ndipo masamba ake akumeza mafunde.

Za mvula n'zoona, ndipo palibe amene akukunamizani. Mafunde a satelayiti amayenda pa 11 kapena 12 GHz, ndipo ndi aafupi, pafupifupi masentimita awiri ndi theka, moti madontho akuluakulu amawamwa ndi kuwamwaza. A nsanja yapansi ndi otalika pafupifupi theka la mita, ndipo mvula saiwopa kwenikweni. Nthawi zina chithunzi chimadula pakhomo panu pasanagwe dontho, chifukwa chimtambo chakuda chili panyanja, panjira pomwe dishi ikuyang'ana. Dishi yokulirapo ndi yolozetsedwa bwino imapirira nthawi yaitali isanagonje. Palinso masiku ochepa chakumapeto kwa Malichi ndi m'kati mwa Sepitembala pamene dzuwa limadutsa kumbuyo kwenikweni kwa satelayiti, n'kusokoneza chithunzi kwa mphindi zingapo masana. Zimenezo musaitanire mmisiri.

Komabe zambiri zimene ndimakonza sizili kumwamba ayi, zili pa mamita ochepa a waya pakati pa denga ndi pabalaza. Ndikakwera pa dishi, choyamba ndimamasula kachitsulo kolumikizira kebulo ku LNB, kamutu kaja kamene kamakhala kutsogolo kwa dishi. Kawirikawiri ndimapeza akulungapo jumbo n'kumanga ndi mphira. Jumboyo sitchinga madzi, imawasunga. Ndikasenda kebulo, mkuwa wa pakati wasanduka wobiriwira, timawaya ta m'mbali tikuyoyoka m'zala ngati phulusa, ndipo nthawi zina madzi amachita kudontha kuchokera m'kati. Chinyezi cha kunyanja ndi dzuwa la kuno zimadya kebulo yotchipa msanga. Pansi pa kamutuko ndimapezanso mavu atamanga, kapena chivindikiro chake chitang'aluka ndi dzuwa. Zonsezi mtengo wake ndi wochepa poyerekeza ndi dikoda yatsopano imene munthu amakhala wagula kale asanandiitane.

Amene mumagwiritsa ntchito sola, mvetserani apa. Kamutu ka dishi kamadya magetsi ochokera mu dikoda kudzera mu kebulo yomweyo, mavolti 13 pa gulu lina la matchanelo ndi mavolti 18 pa gulu linalo. Batire ikayamba kufooka usiku, kapena kebulo ikakhala yowola, ma 18 aja safika, ndiye theka la matchanelo limasowa, theka lina n'kumawoneka. Eni mabanda owonetsera mpira amalidziwa vutoli: masana zonse zili bwino, usiku anthu atalipira kale pakhomo tchanelo ya mpira ndiyo yasowa. Yang'anani batire kaye. Ndipo ziphaliwali zikayamba, zulani kebulo ya eriyo ndi pulagi yomwe, chifukwa paipi yachitsulo yotalika kuposa denga imaitana mphenzi.

Pali nkhani ina imene imandikhudza kuposa zonsezi. Mayiko a pazilumba zazing'ono ali ndi mwayi umene ife tilibe. Mauritius, imene inayamba kanema mu 1965, ndi kadziko koti nsanja zochepa pamapiri ake zimafikira anthu ambiri. Ife tili ndi gombe lotalika makilomita mazanamazana, lopanikizika pakati pa madzi ndi zitunda, ndipo kulifikira kumafuna nsanja zambiri zing'onozing'ono. Pamene nsanjazo palibe, munthu amakakamizika kugula dishi ndi kulipira mwezi ndi mwezi, kapena kukhala wopanda kanema. Ndipo mu Ogasiti 2023, kampani ya MultiChoice italengeza kuti ikuchotsa DStv m'Malawi chifukwa cha mkangano wa mitengo ndi MACRA, tinawona kuti njira yakumwamba ili m'manja mwa eni ake. Anabwereranso, koma mabanja ndi mabizinesi ambiri anali atagwidwa kale njakata.

Kanema wapansi ndi amene amabweretsa nkhani za m'Chichewa, zokambirana za ku Nyumba ya Malamulo, mpira wa Bullets ndi Wanderers, komanso chenjezo la a zanyengo mwera ukamabwera. Msodzi amene akukonzekera ulendo wa ku chilumba cha Mbenje nyengo yosodza ikatsegulidwa, ndi mkazi wake amene watsala kumtunda, akufunika chenjezo limenelo kuposa munthu wa mu Area 47 ku Lilongwe. Luso lotsekera mipata imeneyi lilipo, ndipo si lodula ngati kumanga nsanja yaikulu. Ndi kamakina kolandira chithunzi kuchokera kutali n'kukachiulutsanso pa mphamvu yochepa, kokwanira makilomita khumi kapena makumi awiri. Kangathe kukhala pa nsanja za mafoni zimene zaima kale m'mbali mwa msewu wa M5, n'kumayendera sola ndi mabatire. Makhansala ndi aphungu a m'maboma a Salima, Nkhotakota ndi Mangochi ali ndi ufulu wopempha MACRA ndi kampani yonyamula matchanelo kuti awawonetse mapu a madera amene mafunde akufika, mudzi ndi mudzi, ndi kufunsa kuti midzi yotsalayo ifikiridwa liti.