Wojambula mawu akafika pamudzi panu

Mukamaonera kanema wa nkhani zoona, mumamva bwino mawu a agogo ngakhale kukuomba mphepo. Imeneyi ndi ntchito ya wojambula mawu. Amanyamula maikolofoni pa ndodo yaitali, atavala zomvera m'makutu. Tambala akalira pakati pa nkhani, amakupemphani kuti mubwereze.

Kuno ku Moçambique ntchitoyi idakula ndi Kuxa Kanema, makanema omwe ankaonetsedwa m'midzi titalandira ufulu mu 1975. Gabriel Mondlane adaiphunzira nthawi imeneyo ku Maputo.

Munthu wotere akafika kwanu, mufunseni: "Mawu angawa mukachita nawo chiyani?" Muli ndi ufulu wokana. Mukavomera, lankhulani m'Chinyanja chanu, kuti zidzukulu zanu zidzakumveni inu kulibe.