Dr Malekebu: mwana wa ku Chiradzulu amene mphunzitsi anamuona

Pa 15 January chaka chilichonse anthu amakhamukira ku PIM, ndipo ife a kuno ku Ndunde ndi midzi ina ya m'boma la Chiradzulu timamva dzina limodzi pa wailesi tsiku lonse: John Chilembwe. N'zoyenera ndithu. Koma pa Mbombwe pomwepo panakhalanso munthu wina kwa zaka zambirimbiri, akuphunzitsa ana, kuthandiza odwala ndi kulalikira, amene ana athu ambiri a kusekondale sangamutchule mutawafunsa. Dzina lake ndi Daniel Sharpe Malekebu, Mmalawi woyamba kumaliza maphunziro a udokotala.

Chimene chimandikoka pa mbiri yake ndi poyambira pake. Chilembwe anatsegula Providence Industrial Mission mu 1900, ndipo Malekebu anali mmodzi mwa anyamata oyambirira kuphunzira pa sukuluyo. Mu 1902 panafika mayi wachikuda wa ku America, wa mpingo wa Baptist, dzina lake Emma Delaney. Anali wochokera ku Florida, ndipo anaphunzira pa Spelman ku Atlanta. M'chaka chomwecho banja la Thomas Branch, nalonso lachikuda la ku America, linafika ku Thyolo pa mishoni imene lero timaitcha Malamulo. Ndiye kuti maboma awiri oyandikanawa analandira aphunzitsi otere nthawi imodzi.

Mayi Delaney ankaphunzitsa ana ndi amayi. Malekebu ankawathandiza ntchito za pakhomo ndi kuwamasulira chilankhulo. Tangoganizani mnyamata wa kumudzi, wotumidwa kukatunga madzi ndi kukasonkha moto, koma tsiku lililonse akumva Chingerezi, akuona mabuku, ndiponso akulankhulidwa ngati munthu amene mawa lake lili ndi kanthu. Mayiwo anangokhala kuno zaka zitatu. Mu 1905 anabwerera kwawo, ndipo mnyamatayo sanapirire kutsala. Anawatsatira, mpaka anakafika ku America.

Kumeneko anakhala pa sukulu zaka zoposa khumi. Anaphunzira ku Selma m'chigawo cha Alabama, kenako ku North Carolina, ndipo mu 1917 anamaliza maphunziro a udokotala pa Meharry Medical College mumzinda wa Nashville. Pa sukulu yomweyi ndi pamene Dr Kamuzu Banda anadzamaliza mu 1937, patatha zaka 20. Malekebu anaphunziranso Baibulo pa Moody Bible Institute ku Chicago. Mu 1919 anakwatira Flora Zeto, mayi wobadwira ku Congo amene nayenso anaphunzira pa Spelman.

Munthu wa mapepala otere akanatha kukhazikika konko, n'kumangotumiza moni kumudzi. Ndipo kumudziko kunalibe chomuitana. Nkhondo ya Chilembwe ya mu January 1915 itatha, boma la atsamunda linagumula tchalitchi cha pa Mbombwe, sukulu zinatsekedwa, ndipo akhristu ake anabalalika ndi mantha. Malekebu ndi mkazi wake atayesa kubwerera, atsamunda anawakaniza, poti dzina la PIM linali likuwanunkhirabe. Anapita ku Liberia, kumene anagwira ntchito pa sukulu ya Ricks Institute akudikira. Mu 1926 ndi pamene analoledwa kulowa ndi kutsegulanso mishoni imene inakhala yotseka zaka 11.

Apa ndiye pali ntchito yeniyeni, ngakhale siikoma kuisimba ngati nkhani ya nkhondo. Panafunika kuumba njerwa, kusonkhanitsa anthu amene ankaopa kuonedwa pamalopo, kupeza aphunzitsi, ndi kunyengerera makolo kuti atumize ana, atsikana omwe. Munthu mmodzi yemweyo anali mbusa, mkulu wa sukulu ndiponso wothandiza odwala, ndipo Mayi Flora anali naye limodzi pa kuphunzitsa. Anachita zonsezi maso a boma ali pa iye. Ena anganene kuti anali wofatsa kwambiri pomuyerekeza ndi Chilembwe. Ine ndimaona kuti kumanga pa phulusa, adani akukuyang'anitsitsa, kumafunanso mtima wolimba, kungoti wa mtundu wina. Mpingo unakula mpaka kudutsa malire a dziko lino, ndipo mu 1945 anakhazikitsa bungwe la National Baptist Assembly of Africa.

Anthu osenza ntchito zingapo chonchi sanathe. Alipo kuno ku Ndunde, ndipo alipo kwanuko. Ndi mphunzitsi amene akaweruka satsika kupita kunyumba, koma amatenga wezulo n'kukayendetsa timu ya mpira wamiyendo kapena wamanja pabwalo la sukulu popanda womulipira. Nthawi zina ndi yemweyo amene mumamupeza pa ukwati ali pa zokuzira mawu ngati DJ, ana onse a m'mudzi atamuzinga. Makolo ambiri timawadziwa anthuwa ndi maina a nthabwala okha. Sitinakhalepo nawo pansi.

Komatu taonani nthawi imene iwo amakhala ndi ana athu. Ndi masana, sukulu itaweruka, ife tili kudimba, kumsika kapena ku ganyu. Aliyense wogwira ntchito za umoyo m'midzi akudziwa kuti maola amenewa ndi amene mnyamata amalawa kachasu kapena chamba koyamba, ndiponso mtsikana amakumana ndi wa kabaza womulonjeza foni. Mwana amene ali pabwalo akuthamanga thupi lake likulimba, usiku amagona tulo tabwino, ndipo pali wamkulu amene angazindikire msanga ngati wayamba kujomba, kuonda kapena kungokhala duu. Kawirikawiri mwana amayamba kuuza mphunzitsi wa mpira zimene akuopa kuuza bambo ake.

Apanso m'pamene pamafunika maso, chifukwa si wamkulu aliyense wokonda kukhala ndi ana amene ali ndi mtima wa Mayi Delaney. Pitani kubwaloko tsiku lina mukaonere. Dziwani amene akuphunzitsa mwana wanu, nthawi imene amaweruka, ndi amene amawaperekeza akapita kukasewera kutali. Wa zolinga zabwino amasangalala akaona kholo labwera. Amene akukwiya nazo, kapena amakonda kuitana mwana mmodzi payekha kunyumba kwake, ameneyo musamulekerere. Za nyimbo nazo muuzeni momasuka zimene banja lanu limalola, m'malo mongomunena kumbali. Ndipo mukamupeza wabwino, musamusiye asenze yekha: mpira umatha, ana amafuna madzi akumwa, ndipo naye ali ndi banja lofuna kudya. Mukumbutseninso kukayezetsa kuthamanga kwa magazi, poti anthu othamangira za ena amaiwala matupi awo.

Dr Malekebu anamwalira mu 1978, ali nkhalamba, ndipo PIM ilipobe mpaka lero ndi tchalitchi ndi sukulu zake. Mayi Delaney, atachoka kuno, anadzapita ku Liberia kumene anayambitsa mishoni ya Suehn. Anamwalira mu 1922, kutatsala zaka zinayi kuti mnyamata wawo wa pakhomo uja atsegulenso zitseko za pa Mbombwe.