Aleke Banda ndi nyuzipepala zake ziwiri

Malawi News ndi The Nation ndi za makampani awiri opikisana, komatu amene anaziyambitsa ndi munthu mmodzi, malemu Aleke Banda.

A Aleke anabadwira ku Livingstone m'dziko la Zambia mu 1939, ngakhale kwawo kunali ku Tukombo m'boma la Nkhata Bay. Anaphunzira ku Southern Rhodesia, ndipo mu 1959 boma la atsamunda linawamanga chifukwa cha ndale n'kuwathamangitsira kuno. Chaka chomwecho anathandiza a Orton Chirwa kukhazikitsa chipani cha Malawi Congress, kenaka anayamba kutulutsa Malawi News ali ndi zaka 20 zokha, msinkhu wa ambiri a ife. Kamuzu anali m'ndende ku Gwelo, ndiye timapepala timeneti ndi timene tinkauza anthu zimene chipani chikuchita.

Ufulu utabwera, nyuzipepala yotsutsa ija inasanduka yoyamikira boma. A Aleke anatsogolera wailesi ya MBC, anakhala nduna ya zachuma, anayendetsanso kampani ya Press Holdings. Kwa ife a m'chigwa cha Henga, chaka chowawa ndi 1968, pamene Chitumbuka chinachotsedwa pa wailesi ndi m'nyuzipepala. Agogo athu ku Mhuju ndi ku Phwezi, amene anaphunzira kuwerenga m'mabuku osindikizidwa ku Khondowe, anayamba kumva nkhani za dziko lawo m'chinenero chimene ambiri sankalankhula pakhomo. Nthawi imeneyo a Aleke anali nduna m'boma lomwelo, ndipo sitikuona chifukwa chobisira zimenezi.

Mu 1980 dzanja limene ankalitumikira linawatembenukira. Anatsekeredwa zaka 12 popanda kuzengedwa mlandu. Anatuluka mu 1992, miyezi yochepa a Chakufwa Chihana, mwana wa ku Mhuju, atamangidwa pa bwalo la ndege ku Lilongwe chifukwa chofuna zipani zambiri.

The Nation inayamba kutuluka mu Julayi 1993, patangotha riferendamu, kawiri pa sabata. Nyuzipepala zambiri zimene zinabadwa nthawi imeneyo zinafa msanga, chifukwa zinkadalira thumba la wandale mmodzi. Chisankho cha 1994 chitatha, ndalama nazo zinauma. The Nation inayendetsedwa ngati bizinesi, yodalira malonda ndi owerenga, ndipo mu 1994 inayamba kutuluka tsiku ndi tsiku. Funso linalipobe: nyuzipepala ya banja la nduna ingadzudzule bwanji boma la a Muluzi, mmene a Aleke analinso nduna ya zachuma? Chimene chinathandiza n'chakuti ntchito ya tsiku ndi tsiku inali m'manja mwa akonzi ndi mwana wawo, mayi Mbumba.

A Aleke anamwalira ku Johannesburg mu Epulo 2010 atadwala khansa. Kampani imene anasiya inatulutsanso Fuko, nyuzipepala yaulere ya anthu akumudzi, yolembedwa m'Chichewa ndi m'Chitumbuka.