Thelma Schoonmaker

Thelma Schoonmaker (anabadwa pa 3 Januwale 1940 ku Algiers, m'dziko la Algeria) ndi mkonzi wa mafilimu wa ku America. Amadziwika chifukwa chogwira ntchito ndi wotsogolera mafilimu Martin Scorsese kwa zaka zoposa 50.

Ntchito ya mkonzi

Kujambula kukatha, mkonzi amalandira zithunzi za maola ambirimbiri. Iye amasankha zoyenera, kudula zosafunika ndi kulumikiza zotsalazo kuti nkhani imveke. Chithunzi chikakhalitsa kapena chikadulidwa msanga, tanthauzo lake limasintha.

Mbiri

Schoonmaker anakumana ndi Scorsese ku New York University, ndipo anamukonzera filimu yake yoyamba yaitali, Who's That Knocking at My Door (1967). Kenako panapita zaka zoposa 10 osamukonzera mafilimu akuluakulu chifukwa sanali membala wa bungwe la akonzi.

Anabwerera ndi Raging Bull (1980), filimu yonena za wankhonya Jake LaMotta. Mmenemo anasakaniza zithunzi zothamanga ndi zoyenda pang'onopang'ono kuti woonera amve ululu wa chibakera chilichonse.

Mphoto

Anapata mphoto ya Oscar katatu, chifukwa cha Raging Bull, The Aviator (2004) ndi The Departed (2006).