Mafupa osanduka miyala a m'chigwa cha Luangwa

Paki ya Lukusuzi, kumwera chakumadzulo kwa tauni ya Lundazi ku Zambia, ili pamtunda wa miombo ndi matanthwe momwe zinkhoma zimadumpha. Inakhazikitsidwa mu 1972 ndipo ndi yaikulu masikweya kilomita 2,720. Miyala ya kuno ndi yolimba komanso yakale kwambiri, ndipo anthu a m'derali amaidziwa chifukwa cha aquamarine, mwala wamtengo wapatali wobiriwira ngati madzi. Koma mitsinje ikatsika phiri kulowera kumadzulo, imafika m'chigwa cha Luangwa, komwe kuli chuma cha mtundu wina: mafupa a nyama zomwe zinafa zaka pafupifupi 255 miliyoni zapitazo, madayinaso asanakhaleko n'komwe.

Chifukwa chake mafupawa ali m'chigwa osati pamtunda n'chosavuta kumva. Miyala ya ku Lukusuzi inapangika pansi penipeni pa nthaka, pomwe kutentha ndi kupanikizika sikungasiye fupa lili lonse. Chigwa cha Luangwa chinabadwa nthaka itang'ambika n'kutitimira, ndipo mitsinje ndi nyanja zakale zinkathiramo matope. Nyama ikafa n'kukwiririka msanga, madzi okhala ndi mchere wa m'nthaka ankalowa m'timabowo ta mafupa ake, pang'ono ndi pang'ono fupalo n'kuuma kukhala mwala. Matopewo nawonso anasanduka mwala womwe akatswiri amautcha Madumabisa.

Kufufuza kumeneku si kwa lero. Frank Dixey, yemwe ankatsogolera nthambi yoona za miyala ku Nyasaland, anayenda kumpoto kwa chigwachi ndipo analemba za mafupawa mu 1937. Ndi yemweyo amene dzina lake lili pa dayinaso ya ku Karonga, Malawisaurus dixeyi. Mu 1963 Alan Drysdall ndi James Kitching anatulutsa lipoti la malo ambiri omwe anapezako mafupa, ndipo mu 1974 kunabweranso gulu la ku Oxford. Kenaka ntchitoyi inazilala kwa zaka zambiri.

Inadzukanso mu 2009, pomwe Christian Sidor wa ku University of Washington ndi Kenneth Angielczyk wa ku Field Museum ku Chicago anayamba maulendo limodzi ndi anzawo a maiko ena komanso bungwe la Zambia losamalira zinthu zakale la National Heritage Conservation Commission. Ndalama zinachokera ku National Geographic Society ndi National Science Foundation ya ku America. Thandizo lotere silibwera lokha. Ofufuza amalemba pempho lofotokoza funso lomwe akufuna kuyankha, komwe akayende ndi ndalama zomwe zidzafunike, akatswiri anzawo n'kuliunika. Likavomerezedwa ndiye kuti galimoto zolimba, mafuta, mahema, chakudya, malipiro a alonda a nyama ndi miyezi yambiri ya ntchito ya mu labotale zapezeka.

Kutchire kwake ntchito ndi ya miyendo ndi maso. Gulu limapita mvula italeka, misewu itauma ndipo udzu utachepa. Limayenda mondondozana m'makwawa ndi m'zigwembe momwe madzi akokolola nthaka, mlonda wa mfuti ali patsogolo chifukwa njovu, njati ndi mikango zili momwemo. Chomwe amafuna nthawi zambiri chimangooneka ngati mwala wobulungira, koma wodziwa amaona nsonga ya dzino kapena mphako ya diso. Akachipeza sathamangira kuchizula. Amayamba alemba malo ake pa GPS, kujambula zithunzi ndi kuona mtundu wa mwala womwe chagonamo. Fupa losweka amalidonthezera guluu, amakumba mozungulira, n'kulikulunga ndi ziguduli zoviika mu pulasitala monga momwe achipatala amamangira mwendo wothyoka. Ku labotale, mwala wotsalawo amausema pang'onopang'ono pansi pa maikulosikopu, ndipo chigaza china amachiunika ndi makina a CT kuti aone m'kati osachiswa.

Zomwe zatuluka m'menemo n'zodabwitsa. Nyama zochuluka kwambiri zinali za gulu la dicynodont, zodya zomera, za mlomo wouma wonga wa fulu, zambiri zili ndi minyanga iwiri. Zinkasakidwa ndi zilombo za gulu la gorgonopsian, za mano aatali akuthwa. Mu 2015 ofufuza analengeza za Ichibengops munyamadziensis, kanyama kodya nyama komwe nsagwada yake yam'mwamba ili ndi ngalande yomwe akuganiza kuti mwina munkadutsa ululu. Mu 2013 anali atalengeza kale za Lutungutali sitwensis, wachibale wapafupi wa madayinaso, wopezeka kufupi ndi mudzi wa Sitwe m'miyala ya nyengo yotsatira.

Pakati pa nyama ziwirizi pali tsoka lalikulu kuposa onse m'mbiri ya zamoyo. Zaka 252 miliyoni zapitazo, chiphalaphala chinaphulika kwa nthawi yaitali ku Siberia, mpweya wa kaboni unadzaza m'mlengalenga, dziko linatentha, ndipo mitundu yambiri ya zamoyo zam'madzi ndi zapamtunda inatheratu. Kwa zaka zambiri, zomwe zinachitika pamtunda ankazidziwira makamaka ku Karoo, ku South Africa. Luangwa yapereka umboni wachiwiri woyerekezera. Kafukufuku wa Sidor ndi anzake wa mu 2013 anasonyeza kuti tsokalo lisanagwe, mitundu yofanana inali ponseponse kumwera kwa mtunda umodzi waukulu wa Pangea, koma pambuyo pake dera lililonse linakhala ndi nyama zakezake. Lero dziko likutenthanso chifukwa cha mpweya womwewo, n'chifukwa chake umboniwu ukufunika kuumvetsa.

Mu Ogasiti 2025 gulu la Sidor ndi Angielczyk linatulutsa nkhani za kafukufuku 14 m'magazini ya Journal of Vertebrate Paleontology, zonena za mafupa a ku Zambia ndi ku Tanzania, ndipo linanena kuti mafupa onsewo adzabwerera kwawo ntchito ikatha.

Mafupawa ndi a dziko la Zambia, ndipo lamulo la mu 1989 lomwe linakhazikitsa National Heritage Conservation Commission limaletsa kuwachotsa kapena kuwatulutsa kunja popanda chilolezo. Msodzi, mlimi kapena mlonda wa nyama yemwe wapeza mwala wooneka ngati chigaza amathandiza kwambiri akausiya pomwepo, n'kuujambula ndi foni, n'kudziwitsa a bungweli kapena ofesi ya paki, poti fupa lochotsedwa pamalo pake limavuta kudziwa zaka zake ndi nyama zomwe linakhala nazo.